Bungwe la Kadalie linakula msanga chonchija, nanga linagweranji?

Mnyanja92:

Akuluakulu, ndithandizeniko. Timamva kuti Clements Kadalie, Mtonga wa ku Nkhata Bay, ndiye anayambitsa ICU (Industrial and Commercial Workers' Union), bungwe loimira anthu apantchito ku South Africa, ndipo pofika 1927 bungweli linali ndi mamembala pafupifupi 100,000. Koma pofika 1930 linali litang'ambikang'ambika. Zaka zitatu zokha! Ena amati atsogoleri anadya ndalama, ena amati boma la azungu ndilo linaliphwanya. Chenicheni n'chiti? Ndikufuna kumva mmene bungweli linkayendera: anthu ankawalemba bwanji, ndalama zinkadutsa m'manja mwa yani, sitalaka ankaiyendetsa motani, ndipo chinayamba kuduka n'chiyani. Zomutamanda Kadalie ndazimva kale zokwanira.

aPhiri_Ndirande:

Achimwene, zonse ziwiri mwatchulazo zinachitikadi, koma zinapeza bungwe litafooka kale chifukwa cha mmene linamangidwira. ICU ya 1919 ndi ICU ya 1927 zikungofanana dzina, kagwiridwe kake ka ntchito n'kosiyana kotheratu. Ndiye tiyambe ndi yoyambayo.

Kadalie anabadwa mu 1896 ku Chifira kufupi ndi Bandawe, anaphunzira ku Livingstonia mpaka kukhala mphunzitsi. Anachoka kumudzi mu 1915, anagwirako ntchito ku Mozambique, kenako ukalaliki pa migodi ya ku Southern Rhodesia, n'kukafika ku Cape Town mu 1918. Mu Januwale 1919, mothandizana ndi mzungu wina wandale dzina lake A.F. Batty, anayambitsa Industrial and Commercial Union. Oyamba kulembetsa anali 24 basi, ambiri mwa iwo onyamula katundu padoko.

Dzina lake linamveka mu Disembala chaka chomwecho. Nkhondo yoyamba ya dziko lonse itatha, zinthu zinakwera mtengo malipiro ali pomwepo, chonsecho chakudya chinkapakiridwa m'sitima kupita ku Ulaya anthu akuchiona ndi maso. Madandaulo anali awiri omveka bwino: chakudya chisatuluke m'dziko, malipiro akwere. Anthu pafupifupi 2,000 ananyanyala ntchito kwa masabata awiri. Mabungwe a azungu amene analonjeza kuima nawo anabwerera m'mbuyo boma litangogonjera pa nkhani ya chakudya, ndipo azungu ena anagwira ntchito za onyanyalawo. Sitalaka inathetsedwa za malipiro zisanatheke. Koma mu 1920 makampani opakira ndi kutsitsa katundu anavomera masheleni 8 pa tsiku, pafupifupi kuwirikiza kawiri zomwe anthu ankalandira. Sanafune kuti doko liimenso.

Onani chimene chinapatsa mphamvu anthu apadokowo. Onse ali malo amodzi. Mabwana ndi ochepa ndipo akudziwika mayina. Sitima ikagona padoko tsiku limodzi osatsitsidwa, mwini wake amaluza ndalama zoti angathe kuziwerenga madzulo omwewo. Ogwira ntchito amadziwana nkhope, wozembera kukalowa ntchito amaonekera. Bungwe la apantchito limaima pa zinthu zimenezi.

Tsono pakati pa zaka za m'ma 1920 likulu linasamukira ku Johannesburg, ndipo mu 1926 ndi 1927 ICU inafalikira m'matauni ang'onoang'ono ndi m'mafamu a ku Natal, Free State ndi kum'mawa kwa Transvaal. Kalembedwe ka anthu kanali kotere: mlembi wa nthambi, kawirikawiri munthu amene anali mphunzitsi kapena kalaliki, ankaitanitsa msonkhano Lamlungu pabwalo, n'kulankhula za chitupa, za malo, za nkhanza za mabwana, pomaliza anthu n'kufola kugula khadi lofiira la umembala. Tsiku limodzi ankatha kulemba anthu mazana. Koma nthambi inkakhala ya dera, osati ya malo a ntchito. M'nthambi imodzi mupezamo wantchito wa m'nyumba, wa panjanji, wa pafamu, mphunzitsi ndi wogulitsa malonda ake. Anthu amenewa mungawalembere dandaulo limodzi lopita kwa bwana uti? Panalibe dongosolo lokhazikika la nthumwi zosankhidwa ndi anzawo pamalo penipeni pa ntchito, anthu oti Lolemba m'mawa akadziwe amene wadulidwa malipiro ndi amene wamenyedwa ndi kapitawo. Panalibenso thumba lodalirika loti lidyetse mabanja sitalaka ikatalika.

Zotsatira zake zinaoneka mu 1927 momwemo, chaka chimene chiwerengero chinafika pamwamba. Anthu atalimbikitsidwa ndi zolankhula za pamisonkhano anayamba kunyanyala okha: padoko la Durban, m'migodi ya malasha ku Natal, ndi ku Kazerne komwe njanji imatsitsira katundu mu Johannesburg. Akuluakulu a ICU m'malo mozitsogolera sitalakazi ankadzipatula, ena n'kumauza anthu kuti abwerere kuntchito. Munthu wagula khadi atamva kuti bungwe ndi lamphamvu, tsiku loti mphamvuyo ioneke akuuzidwa kuti adekhe. Mwezi wotsatira sangaperekenso ndalama.

Komanso ICU sinalowe m'makomboni a migodi ya golide, kumene kunali mtima wa chuma cha dzikolo. Mu Febuluwale 1920 anthu akuda pafupifupi 70,000 ananyanyala m'migodi imeneyi popanda ICU, ndipo zaka zonse zotsatira bungweli linangokhala kunja kwa mpanda.

Chinanso: mu Disembala 1926 akuluakulu a ICU anachotsa m'bungweli mamembala a chipani cha Komyunisiti, James La Guma, John Gomas ndi E.J. Khaile. Munthu akhoza kudana nazo ndale zawo, koma amenewa ndi amene ankakakamira kuti bungwe lizitsogolera sitalaka ndiponso kuti ndalama ziziyang'aniridwa. La Guma anali mlembi wamkulu, Khaile mlembi wa zachuma. Kwa ine chingwe chinayamba kuduka pamenepo.

Nachisale:

A Phiri, zomwe mwafotokoza za nthambi sindikutsutsa, koma mwawasenzetsa atsogoleri katundu yense ngati kuti lamulo linkawalola kuchita zomwe mukunenazo.

Industrial Conciliation Act ya 1924 ndiyo inakhazikitsa njira yoti mabungwe a apantchito alembetsedwe ndi kukhala pansi ndi mabwana. Pofotokoza kuti wantchito ndani, lamuloli linasiya kunja amuna akuda onse oyenda ndi chitupa. Choncho bwana analibe chomukakamiza kukumana ndi ICU, ndipo pangano lililonse limene akanagwirizana silikanakhala ndi mphamvu ya lamulo limeneli. Pamwamba pa apo panali malamulo a Masters and Servants: wantchito wakuda akasiya ntchito kontirakiti isanathe unali mlandu wa kupolisi, wolipira faindi kapena kukalowa kundende. Ndiye mukamati atsogoleri ankaopa sitalaka, dziwani kuti m'madera ambiri kuitanitsa sitalaka kunali kuuza anthu kuti akapalamule mlandu onse pamodzi. Ku Cape Town zinatheka chifukwa ambiri padoko anali makaladi ndi anthu akuda amene chitupa sichinkawamanga ngati a ku Transvaal ndi Natal. Ngakhale m'chigawo cha Cape momwemo, ku Port Elizabeth, Samuel Masabalala atamangidwa mu Okutobala 1920 chifukwa chofuna masheleni 10 pa tsiku, anthu anasonkhana kupolisi kuti amutulutse, ndipo pa 23 Okutobala anawomberedwa, oposa 20 n'kufa. Mtsogoleri aliyense wa ICU ankalidziwa tsiku limenelo.

Za m'mafamu ndiye zimafuna kuzimvetsa bwino, chifukwa kumeneko n'kumene kunachokera chikhamu cha 1927. Natives Land Act ya 1913 inasiyira anthu akuda malo okwana pafupifupi 7 pa 100 alionse. Mabanja ambiri ankakhala pamalo a mzungu mwa pangano lofanana ndi thangata la m'maesiteti a ku Thyolo ndi Chiradzulu: bambo ndi ana ake amagwirira mwini famu miyezi 3 mpaka 6 pa chaka, iye n'kuwapatsa kamunda ndi podyetsa ng'ombe. M'zaka za m'ma 1920 alimi achizungu a ku Natal anayamba kufuna malo omwewo kuti adzalepo mitengo ya wattle ndi kuwetapo nkhosa, ndiye anachepetsa minda ndi ng'ombe zololedwa, masiku a ntchito n'kuwonjezera. Anthuwa polowa ICU sankafuna sheleni yowonjezera. Ankafuna malo. Alembi ena a nthambi, pofuna kugulitsa makadi, ankalonjeza kuti bungwe ligula mafamu, ena mpaka kumanena kuti malo a azungu abwerera kwa eni ake posachedwa.

Mwini famu akapeza khadi lofiira sankadula malipiro ayi, ankathamangitsa banja lonse. Wantchito wa m'tauni akachotsedwa amataya ntchito. Wa pafamu amataya nyumba, munda wosakolola, manda a makolo, ndipo ng'ombe zimafera pamsewu kapena kugulitsidwa motchipa chifukwa palibe pozidyetsa. Mabanja ambirimbiri anathamangitsidwa chonchi mu 1927 ndi 1928, n'kumakadzaza pamaofesi a ICU kudikira mafamu olonjezedwa aja. Bungwe lililonse, ngakhale la mabuku oyera bwanji, silikanatha kuwasamala onsewo. Mu 1928 azungu anaotcha maofesi a ICU ku Greytown ndi ku Weenen.

Boma nalo silinagone. Native Administration Act ya 1927 inali ndi ndime yoletsa mawu odzetsa chidani pakati pa akuda ndi azungu, ndipo apolisi ankakhala pamisonkhano n'kumalemba zolankhulidwa. Kadalie anazengedwa mlandu ndi ndimeyi mu 1928, anapambana, koma mlandu uliwonse unkadya ndalama za maloya. Chaka chomwecho nduna ya zamtengatenga wa makalata, Walter Madeley, itangolandira nthumwi za ICU kukambirana za malipiro a ogwira ntchito ku positi, nduna yaikulu ya dzikolo, J.B.M. Hertzog, anaichotsa m'nduna zake. Ndi Hertzog yemweyo amene Kadalie anamuchemerera pa chisankho cha 1924, kulakwitsa kumene ine sindimukhululukira. Ndipo ICU itapempha kulowa mu South African Trade Union Congress, mgwirizano wa mabungwe a apantchito achizungu, kumapeto kwa 1927 inakanidwa, chifukwa mamembala 100,000 akanaposa mavoti a mabungwe onse a azungu ataphatikizana.

Tisaiwalenso kuti m'makhothi ICU inkapambana ndithu. Ku Durban, A.W.G. Champion, mtsogoleri wa ICU ku Natal, anagwiritsa ntchito maloya kuthetsa mchitidwe woviika anthu akuda ofika kumene mumzinda m'madzi a mankhwala ngati ng'ombe kudibi, ndipo ankatengera kukhothi mabwana okana kulipira. Kadalie ataletsedwa kulowa mu Natal mu 1926 analowa dala, anamangidwa, n'kupambana pa apilo. Anthu sankagula khadi chifukwa cha mawu okoma okha.

Mnyanja92:

Zikomo a Phiri ndi mayi Nachisale. Nanga za ndalama zija, zinali zoona kapena linali bodza la azungu lofuna kuipitsa mbiri ya bungwe?

Kalaliki_wa_Zomba:

Zinali zoona, achimwene, ngakhale kuti nyuzipepala za azungu zinkazikometsera. Koma mawu oti "anadya ndalama" amabisa mmene ndalamazo zinkatayikira.

Popeza mabwana sankalizindikira bungweli, panalibe zodula chopereka pamalipiro n'kutumiza ku akaunti ya bungwe monga zimachitikira lero. Khobidi lililonse linkatoleredwa pamanja, pamsonkhano kapena pakaofesi ka nthambi, ndi munthu yemweyo amene malipiro ake ankachokera m'ndalama zomwezo. Likulu likachedwa kumulipira, ankadzilipira yekha kuchokera m'zomwe watolera, yotsala ndiyo ankatumiza, ngati yatsala. Nthambi zinkatsegulidwa mofulumira kuposa mmene likulu likanaphunzitsira alembi kusunga mabuku, ndipo oyendera mabukuwo anali osakwanira. Wotolera, wolemba lisiti ndi wosunga bokosi akakhala munthu mmodzi, ngakhale munthu wokhulupirika sangathe kudziyeretsa tsiku lomwe amunamizira. Panalinso akathyali amene sanali a ICU n'komwe, ongoyenda m'mafamu kugulitsa makadi.

Chachiwiri, chiwerengero cha 100,000 chija ndi cha anthu amene anagulapo khadi. Opereka mwezi ndi mwezi anali ochepa kwambiri poyerekeza ndi amenewo. Koma ndalama zotuluka zinakonzedwa ngati kuti onsewo akupereka: malipiro a alembi ambiri, lendi ya maofesi, magalimoto, nyuzipepala ya Workers' Herald imene inayamba mu 1923, ndipo koposa zonse maloya. Njira ya makhothi imene mayi Nachisale ayitamanda ili ndi vuto lake. Mlandu uliwonse umathandiza munthu mmodzi kapena ochepa, ndalama yapita, mawa kwabwera ena khumi ndi milandu yawo. Mamembala amazolowera kuona bungwe ngati ofesi ya loya wotchipa, osati ngati chinthu chimene iwo eni akuchiyendetsa.

Nthambi ya Durban ndiyo inkabweretsa ndalama zambiri kuposa zonse. Mu 1927 Kadalie anakhala miyezi ingapo ku Ulaya: anapita ku Geneva ku msonkhano wa International Labour Organisation, bungwe la maiko onse loona za apantchito, ngakhale kuti boma linakana kumutuma ngati nthumwi, kenako anayendera mabungwe a ku Britain. Champion ndiye anagwirizira udindo wake. Nthawi yomweyo George Lenono, amene anali membala ku Durban, anafalitsa kapepala konena kuti Champion sakuyendetsa bwino ndalama. Champion anamusumira kuti wamuipitsira mbiri, koma mlandu unamutembenukira: woweruza anadzudzula kasungidwe ka ndalamazo, popeza za bungwe ndi za Champion mwini zinali zosakanikirana. Mu 1928 likulu linamuimitsa paudindo kuti afufuzidwe. Anthu a ku Durban anaima ndi munthu wawo, n'kupatuka kukhala ICU yase Natal. Tsiku limenelo likulu linataya thumba lake lalikulu.

Mu Julayi 1928 kunafika William Ballinger wochokera ku Motherwell ku Scotland, wotumizidwa ndi abwenzi a ICU a ku Britain kuti akhale mlangizi. Anapeza ngongole ndi mabuku osalongosoka. Mankhwala ake anali olondola papepala: kuchepetsa ndalama zotuluka, kuika malisiti ndi oyendera mabuku, kugawa mamembala potsata mtundu wa ntchito. Koma anafika ndalama zitasiya kale kulowa, ndipo sanamvane ndi Kadalie, amene sanazolowere kufunsidwa za mmene wagwiritsira ntchito ndalama. Mu Januwale 1929 Kadalie anatula pansi udindo, kenako n'kuyambitsa Independent ICU. Apa ma ICU anakwana atatu, uliwonse ukunena kuti weniweni ndi iwo, ndipo m'madera ena munaphukanso tina ting'onoting'ono.

Mtchona:

Ndiwonjezereko mbali yokhudza kwathu, poti ambiri amaganiza kuti nkhaniyi inathera ku South Africa konko.

Boma la atsamunda ku Zomba linkamuopa Kadalie ali kutali. Mu 1926 Isa Macdonald Lawrence analamulidwa kukagwira ukaidi wa kalavulagaga zaka zitatu chifukwa cholowetsa mu Nyasaland nyuzipepala ya Workers' Herald pamodzi ndi Negro World ya Marcus Garvey, womenyera ufulu wa anthu akuda wa ku Jamaica. Zaka zitatu chifukwa cha nyuzipepala. Ku Southern Rhodesia, amene anakayambitsa ICU ku Bulawayo mu 1927 anali Robert Sambo, wa ku Nyasaland nayenso, ndipo boma la kumeneko silinachedwe kumuthamangitsa. Ntchitoyo inapitirira ndi Masotsha Ndlovu ku Bulawayo ndi Charles Mzingeli ku Salisbury, ndipo Mzingeli anadzaliukitsanso dzinali mu 1946 ndi Reformed ICU.

Ulendo wa Kadalie unali mphamvu yake komanso chilema chake. Posakhala Mzulu, Mxhosa kapena Msotho, ankatha kuima pakati pa onse popanda kunenedwa kuti akukondera kwawo. Koma pamisonkhano ankalankhula Chingerezi kudzera mwa otanthauzira, ndipo mu 1920 boma linafuna kumuthamangitsa m'dziko ngati mlendo, lamulolo n'kudzafafanizidwa pambuyo pake. Pamene ankakangana ndi Champion, anthu a ku Natal sanavutike kusankha pakati pa mwana wa kwawo wolankhula Chizulu ndi munthu wochokera kutsidya kwa Zambezi.

aPhiri_Ndirande:

Mayi Nachisale, za malamulo mwanena zoona, ndipo za anthu a m'mafamu ndikuvomera kuti palibe akanawateteza pa nthawi imeneyo. Koma pansi pa malamulo omwewo ena anayenda njira ina. Mu 1928, ICU ili mkati mogawikana, Ben Weinbren ndi T.W. Thibedi anasonkhanitsa timabungwe ta ku Johannesburg ta ochapa zovala, ophika buledi, osoka ndi opanga mipando, n'kupanga Federation of Non-European Trade Unions. Anthu ake anali pafupifupi 10,000 okha, koma bungwe lililonse linkadziwa mabwana ake. M'zaka za m'ma 1930 Max Gordon anagwiritsa ntchito Wage Act ya 1925, imene sinasankhe khungu: ankasonkhanitsa umboni wa malipiro ndi mtengo wa zinthu, kukaupereka ku Wage Board, komiti ya boma yoona za malipiro, ndipo malipirowo akakhazikitsidwa n'kumalondola mabwana olipira mopereweza kuti abweze ndalama za m'mbuyo. Ntchito yotopetsa, yopanda chikhamu cha pabwalo, koma wantchito ankaiona m'thumba.

Kadalie mwiniwake atabwerera ku njira ya padoko zinaonekanso. Mu Januwale 1930 ku East London, Independent ICU inatsogolera sitalaka ya apanjanji ndi apadoko imene inafalikira tauni yonse. Iye ndi anzake anamangidwa, sitalaka inagonja, koma nthambi imeneyo ndi imene inakhalitsa, ndipo anakhala komweko mpaka imfa yake mu 1951. Champion naye anathamangitsidwa ku Natal mu 1930, pambuyo pa zipolowe za 1929 zokana malo omwera mowa a khonsolo ya Durban.

Yerekezaninso ndi ku Copperbelt, dera la migodi ya kopa ku Northern Rhodesia (Zambia ya lero). Pambuyo pa sitalaka za 1935 ndi 1940, pamene anthu 6 anaphedwa ku Luanshya ndipo 17 ku Nkana, bungwe la ogwira ntchito m'migodi linakhazikitsidwa mu 1949 motsogozedwa ndi Lawrence Katilungu, nthambi iliyonse pa mgodi wake. Mu 1952 linaimitsa migodi yonse kwa masabata atatu mwabata, ndipo Guillebaud, amene anaikidwa kuweruza mkanganowo, anawonjezera malipiro.

Nachisale:

Chitsanzo cha Copperbelt chikuthandiza ine, a Phiri. Kumeneko boma la Britain ndilo linatumiza William Comrie mu 1947 kuti akathandize kukhazikitsa mabungwe a anthu akuda, mu 1949 kunabwera lamulo lolola kuti alembetsedwe, ndipo makampani a migodi analizindikira bungwe la Katilungu chaka chomwecho. Ku South Africa malamulo a Masters and Servants anachotsedwa mu 1974, ndipo mabungwe a anthu akuda analoledwa kulembetsa mu 1979, pambuyo pa lipoti la komiti ya Wiehahn imene boma linaika kuti iunike malamulo a zantchito. Pakatipo, African Mine Workers' Union ya J.B. Marks, yoimira anthu akuda ogwira ntchito m'migodi, inali ya ntchito imodzi ndendende monga mukufunira inu, koma itaitanitsa sitalaka ya masheleni 10 pa tsiku mu Ogasiti 1946, apolisi anaiphwanya sabata isanathe, anthu anaphedwa, ndipo bungwelo silinadzukenso.